Wailesi ndi Khomo la Makala

Atate aakulu a Venansio Daka tinawaika m'manda mwezi wa Okutobala, dzuwa likuswa mtengo, adzukulu okumba manda akupumira pafupipafupi chifukwa nthaka inali gwa. Uthenga unandipeza kwathu ku Nabvutika ndikuyanika zovala. Mayi amene anaubweretsa sanayambe n'kuzungulira monga timachitira ndi uthenga wa maliro. Anangoima pampanda n'kunena kuti, "Anzanga, Wailesi yazima kumudzi." Ndinakhala pansi pomwepo padothi, chovala chonyowa chili m'manja.

Wailesi linali dzina lachipongwe, koma eni ake ankalikonda kuposa la ubatizo. Anali amuna awo a amayi aakulu a Anastazia, akulu awo a mayi anga, ndiye ine ndinakulira khomo loyandikana ndi lawo. Kwathu anali mkamwini. Kwawo kwenikweni kunali cha ku Tamanda, kwa anthu a mpingo wina, ndipo Chikatolika anachilowera mkazi, zomwe sankabisa n'komwe. Ankati anakodwa mumsampha wa maso a make Rozina, ndipo nyama ikakodwa sifunsa kuti mwini msampha amapemphera kuti.

Ndisawadzoze mafuta chifukwa choti amwalira. Khasu ankadana nalo. Munda wa mtedza wa amayi aakulu ankaulima ndi pakamwa, akagwira mzere umodzi ndiye kuti ayamba nkhani, ndipo olima anzawo nawonso ankaima kuti amvetsere. Amalume athu a Gaudensio, eni mbumba, ankati mlongo wawo anakwatiwa ndi lilime, munthu wake anatsalira ku Tamanda. Ntchito imene ankaidziwa inali yautelala. Anali ndi makina pakhonde la sitolo ya mmwenye wina ku Fort Jameson, tauni imene lero mukuti Chipata, ndipo ankapalasa njinga kupita kumeneko m'mamawa, mapini atawabaya pakolala ya jekete. Anali a mtima wapachala, okonda kutamidwa, osavomera kulakwa. Akakusokera diresi lothina, ndiwe wanenepa.

Koma pakamwa, abale inu! Munthu ankangomumva kamodzi, basi mawu ake awatola. Ankatha kulankhula ngati mmwenye wa sitolo, ngati mesenjala wa kuboma, ngati amalume akamakalipa, mpaka nkhuku za amalume zinkathawa. Ku mishoni kwathu kunali wansembe wochokera ku Falansa, amene tinkangowatcha Bambo Chandevu. Iwowa anali ndi makina oonetsera kanema, amene masiku amenewo tinkati bayisikopo, ndi kainjini kake kaphokoso. Ankaonetsa masana m'kalasi ya sukulu, atatseka mawindo ndi mabulangete amene mabanja ankabwereketsa. Mkatimo munkatentha, munkanunkha thukuta ndi utsi wa m'mabulangete, koma wotuluka panalibe. Vuto linali loti anthu a pachinsalu ankalankhula zakwawo, pamene Chinyanja cha Bambo Chandevu chinali cha paguwa, choyenda pang'onopang'ono. Umu ndi mmene atate aakulu anapezera malo awo: kumanzere kwa chinsalu choyera, ali chilili, kansungwi kali m'manja.

Chifalansa sankadziwa ngakhale moni. Ankati makutu n'ngwa anthu aulesi, iwo amamva ndi maso. Filimu yatsopano ikabwera ankayamba aionera okha ndi wansembe, ali duu, chomwe pachokha chinali chozizwitsa. Akatero aliyense wa pachinsalu ankamupatsa dzina lakwathu, mudzi wake, ngakhale mfunda wake. Munthu wa pachinsalu akatsegula pakamwa iwo ankamuikamo mawu, ndipo ankamaliza pomwe iye watsekera. Nthawi zina Bambo Chandevu ankakuwa ali kumakina kuti, "Venansio, sananene zimenezo!" Iwo osacheuka n'komwe ankayankha kuti, "Bambo, inu yang'anirani injini. Akadakhala wakuno akadanena zomwezi."

Zinali zaka za Chitaganya, pamene anatimanga mtolo umodzi ndi Nyasalande ndi Rhodesia wakummwera osatifunsa. Galimoto ya boma inkayendanso m'midzi ndi kanema wake wotamanda Chitaganyacho, ndipo eni ake atamva mbiri ya Wailesi anabwera kudzawapempha kuti aziwafotokozera. Anakana poyera, anthu akumva. Anati pakamwa pawo amabwereketsa anthu ojambulidwa amene alibe pawo, osati boma limene pakamwa lili napo kale koma makutu ndiwo lilibe. Tsiku limenelo ngakhale amalume anawagawirako fodya wa m'mphuno.

Pamaliro paja, achinyamata ochokera m'tauni anandifunsa chifukwa chake nyumba ya nkhalambayo inali ndi denga lotalika mbali imodzi, udzu kutsika mpaka kufupi ndi m'chiuno mwa munthu, ngati chipewa chovala chopendeketsa. Wina anawerama n'kusuzumira pansi pa udzuwo, n'kuti pachipupa pali chojambulidwa. Sindinawayankhe bwino, mtima unali pamwamba. Ndiyankhe tsopano.

Mwa mafilimu onse a Bambo Chandevu munali kamodzi kakafupi, kamene mlongo wawo anawatumizira kuchokera kwawo m'chitini chophwatalala. Sikanali ka anthu enieni. Kanali ka zithunzi zojambula pamanja, zamitundumitundu, koma zikuyenda ndi kuphethira ngati zamoyo, nyimbo ikulira pansipansi. Kankatha msanga, madzi a tiyi asanawire. Nkhani yake inali ya kamtsikana kamene mayi ake atanganidwa ndi kuchapa. Kamtsikanako katola choko, kajambula khomo pachipupa cha kunja, kalikankha, khomo lija tseguku! Tsidya lake kuli dziko limene mitengo imabala buledi ndipo nsomba zimauluka m'mwamba. Kumeneko tsekwe wamkulu wovala chipewa akalandira, akadyetsa, koma safuna kuti kabwerere. Kuno mvula iyamba, choko chiyamba kusungunuka. Mphaka wa pakhomo aona kuti khomo likafufutika mwana sabweranso, ndiye athamangira ambulera n'kudzaima nayo pachipupa, kuphimba chojambulacho iye akunyowa. Pomaliza kamtsikana kathawa tsekwe, katulukira kuno buledi ali kukhwapa, mayi ake osadziwa n'komwe kuti kanachokapo.

Mphaka uja atate aakulu anamutcha Sakala. Tsekwe anamutcha Kapitawo, ati chifukwa ndi mmene amachitira a ku mafamu a fodya ndi a ku Halale, amakudyetsa kuti uiwale kwanu. Pa tsekwe ameneyu anakangana ndi Bambo Chandevu zaka ndi zaka. Wansembe ankati mbalameyo si yoipa, ingosowa mnzake wocheza naye. Atate aakulu ankati wosowa mnzake abereke wake, asasunge wa eni. Kamtsikana kokha sanakapatse dzina. Anakapatsa mawu a Rozina.

Rozina anali mwana wawo mmodzi yekhayo nthawi imeneyo, amene anabadwa anthu atayamba kale kunong'ona za amayi aakulu. Anali wamng'ono kwa ine, atangogweluka mano akutsogolo, moti ankalankhula mawu akuthawira pampata. Tsiku limene kafilimuko kanaonetsedwa koyamba anakhala pamapazi pa atate ake. Kamtsikana katatulukira pakhomo paja, atate aakulu anakuwa ndi mawu a Rozina enieni, mpata wa mano womwe, kuti, "Ndabwera, amayi! Mwandisungira ndiwo?" Kalasi yonse inagwa ndi phwete. Rozina anabisa nkhope m'diresi, koma ndinaona kuti wanyada.

Titafika kumudzi anatola khala paziko n'kukajambula khomo pachipupa cha nyumba yawo, mbali yochokera mvula. Analijambula lolingana ndi msinkhu wake, lopendekera pang'ono, ndi kachogwirira kozungulira. Ankajambula uku akuwafotokozera amayi ake nkhani yonse, koma amayi aakulu anali atangozira chipupacho dzulo lake, ndiye m'malo momvetsera anamukalipira. Iye sanasamale. Analikankha ndi phewa khomo lake lija, ife tikuseka. Atate aakulu pobwera ku ntchito anatsamiritsa njinga, anagwada, n'kugogoda pachipupa. "Odi kuno! A Kapitawo alipo?" Akazi amene ankasinja pafupi anaona, nawonso anaseka.

Sabata isanathe Rozina anatentha thupi. Kunacha akubwebweta, maso ali m'mwamba, ndipo akazi amene anabwera kudzazonda anamumva akufunsa mobwerezabwereza kuti, "Atate, latseguka?" Atayamba kukomoka, atate aakulu anamubereka kumbuyo ndi chitenje ngati mzimayi, n'kukwera njinga kuthamangira kuchipatala. Mwana anatsirizikira panjira. Tinawaona masana akubwerera wapansi, akukankha njinga, mwana akadali kumsana, atamufunda kumutu. Kalanga ine, kulira kwa amayi aakulu tsiku limenelo ndimakumvabe.

Titaika maliro n'kumeta, amayi aakulu anatseka pakamwa. Sankalankhula ndi munthu, chakudya ankangolawa, ankagona pamphasa atayang'ana kuchipupa, chomwe chija chimene kunja kwake kunali khomo la makala. Ndipo mawu aja a "latseguka" anayamba kuyenda m'mudzi. Kuchitsime ankanong'ona, kumowa ankanena mokweza. Amene anaona atate aakulu akugogoda anaiwala kuti tsiku lija anaseka.

Amalume anaitanitsa ankhoswe a mbali zonse ziwiri. Ife ana tinkamvera kuseri kwa nkhokwe. Ndisawaipitse amalume, mwanayo ankamukonda, ndi iwo anamusemera kamtondo kosewerera. Koma chisoni chikasowa pogwira chimagwira munthu amene unali naye kale mangawa. Anati, "Alamu, ine sindikuti ndinu mfiti. Koma munatenga mwana wa mbumba yanga n'kukamuonetsa zinthu zopanda mzimu zikuyenda. Mawu ake munawaika m'kamwa mwa chinthu chosabadwa. Iye atajambula khomo, inu munagogoda. Munthu wamkulu, kugogoda pakhomo losadziwa kumene likupita! Lero mwana ali kuti?" Chigamulo chawo chinali pawiri: khomo lija lizirike ndi dothi, ndipo tambala wobwereka abwerere kwawo ku Tamanda.

Amene sanakulire kwathu sangamve kulemera kwake. Mkamwini akabwezedwa amachoka ndi zovala zake ndi zida zake basi. Mkazi, nyumba, munda, ngakhale manda a mwana, zonse zimatsala. Ankhoswe a ku Tamanda anayesa kupepesa, koma ankaoneka kuti nawonso nkhani ya khomoyo yawaopsa. Amayi aakulu, amene akanatha kuletsa, sanatuluke m'nyumba ngakhale anawaitana.

Atate aakulu, Wailesi yonse ija, anayankha mwachidule. Anati chipupa sazira, ndipo wofuna kuzira ayambe wawachotsa iwo. Kenako anapempha chinthu chimodzi. "Alamu, mukuweruza chinthu chimene simunachione. Akuluakulu nonse munkati bayisikopo n'za ana. Lolani abambo abweretse makina konkuno, muone nokha. Mwana wa m'menemo safa ayi, amabwerera kwa amake. Mukaona n'kunenabe kuti ndipite, ndimanga makina anga panjinga." Amalume anati, "Chabwino. Tichione chimene chinadya mwanayo."

Bambo Chandevu anayamba akana, ati si bwino kuliza injini m'mudzi umene misozi sinaume, koma atamva chimene chinali kubwera anavomera. Anaonetsera m'katchalitchi kathu ka udzu, masana. Mabanja ambiri anakana kubwereketsa mabulangete, poopa kuti chinthucho chiwakhudza, ndiye mawindo ena anatseka ndi mphasa. Kutsogolo kunakhala amalume ndi ankhoswe. Ife ana anatiletsa kulowa, koma ine ndinalowa ndi mayi anga n'kudzipanikiza pakona. Atate aakulu anaima malo awo akale kumanzere kwa chinsalu, mutu wometa uli mbee, jekete ikuoneka yaikulu.

Anayamba bwino. Mawu anali otsika, opanda nthabwala, koma osanjenjemera. Anafotokoza za choko, za khomo, za mitengo ya buledi. Nsomba zitayamba kuuluka, gogo wina anaiwala n'kuseka, kenako anadzigwira pakamwa. Sakala atatulukira ndi ambulera yake, ndinamva nkhoswe wina akuti, "Mphaka wanzeru uyu." Ndinayamba kuganiza kuti mlandu watha. Nthawi yonseyi kamtsikana ankakalankhulira ndi mawu awoawo, mawu a Rozina ankawazemba.

Ndiye inafika mphindi imene anaitanira anthu onsewo. Kamtsikana kanathawa tsekwe, kanakankha khomo, kanatulukira pabwalo la kwawo, n'kuthamangira amake manja ali m'mwamba. Kanatsegula pakamwa. Kanatseka. Kanatsegulanso. Kumanzere kwa chinsalu sikunatuluke mawu. Tinkangomva makina kuti tatatata, ndi kanyimbo kaja kosangalala. Kansungwi kanagwa pansi. Atate aakulu anali atayang'anitsitsa mayi wojambulidwa uja akunyamula mwana wake, misozi ikutsika mpaka pamapini a pakolala. Anali atakonza zonse kuti aonetse anthu kuti mwana amabwerera. Chimene sanaganize n'choti iwo eni adzayenera kuima pomwepo n'kuonerera mwana wa wina akubwerera.

Filimu inatha, chinsalu chinangoti mbee. Amalume anaimirira. Sanakweze mawu, ndipo mwina n'chifukwa chake zinapweteka kwambiri. "Taona, alamu. Wa azungu wabwera. Nanga wathu?"

Atate aakulu anawerama n'kutola kansungwi kawo. "Ndamva, alamu. Mawa ndinyamuka."

"Achimwene, khalani pansi."

Tonse tinacheuka. Amayi aakulu anali ataima kumbuyo, pafupi ndi chitseko, atafunda nsalu yakuda. Palibe anawaona akulowa. Mawu awo anali osasa chifukwa chokhalitsa osalankhula, ndipo ankagwira khoma kuti asagwe.

"Ndati khalani pansi, achimwene. Mwalankhula kokwanira pa mwana amene ndinabereka ine. Nkhani imeneyi mwana wanga ankandiuza akujambula, ine ndinamukalipira chifukwa cha chipupa. Sindinamumvere. Lero ndiye ndaimva." Anapuma kaye. "Rozina sanasiye chithunzi. Zovala zake munaika naye. Chimene dzanja lake linasiya padziko pano ndi khomo lija. Wofuna kulizira ayambe wazira nkhope yangayi."

Amalume anati, "Mlongo wanga, ife tikufuna kukuteteza."

"Kunditeteza kwa yani? Munthu uyu anabereka mwana kumsana, inu muli kuti? Mwana anafera pamsana pake, kutentha kwake komaliza anakumva ndi iyeyu. Ndipo mawu a mwana wanga ali m'kamwa mwa munthu ameneyu. Palibenso wina pansi pano amene angalankhule ngati Rozina. Mukamuthamangitsa, mwandiikira mwana kawiri." Kenako anayang'ana amuna awo, koyamba chichitikire maliro. "Atate ake Rozina, tiyeni kunyumba. Mwaima nthawi yaitali."

Anatuluka awiriwo, mkazi patsogolo. Nkhoswe wamkulu anakhosomola n'kunena kuti mwini maliro wanena, iwo alibenso mawu. Bambo Chandevu anali akupukuta magalasi awo ndi mkanjo, kuwapukuta osamaliza.

Musaganize kuti amalume anagwa pansi n'kupepesa. Ayi ndithu, si iwo. Anakhala nyengo yaitali osapatsana moni ndi alamu awo, ndipo mpaka imfa yawo bayisikopo sanaiponderenso. Koma mitambo itayamba kusonkhana chaka chimenecho, atate aakulu anayamba kutalikitsa denga mbali ya khomo lija kuti mvula isaliombe. Telala ndi telala, luzi ankamanga ngati akusoka mpendero, udzu unkangopululuka. Amalume anawaonerera ali pakhonde pawo mpaka zinawakwana. Anabwera, anawalanda luzi osapereka moni, anatukwana mfundo zawo zonse imodziimodzi, n'kufolera okha mbali yonseyo. Atamaliza anangoti, "Mphaka wanu uja anali ndi nzeru kuposa inu," n'kumapita.

Mafilimu ena anapitiriza kufotokoza mpaka Bambo Chandevu atabwerera kwawo ndi makina awo, Chitaganya chitatha. Nthabwala zinabwerera, mkangano wa tsekwe unapitirira. Koma kafilimu ka khomo kakati kaonetsedwe, iwo ankapereka kansungwi kwa mphunzitsi n'kukakhala panja pamthunzi. Ndipo mawu a Rozina sitinawamvenso pagulu.

Nditakula n'kuyamba kuthandiza kuzira nyumba yawo, ndinadziwa ukali wawo wina. Ankatenga kampando n'kukhala kumbuyo kwanga. Dzanja langa likayandikira mzere wa makala ankati, "Ima pomwepo, iwe! Zungulira." Chaka ndi chaka, Khirisimasi ikayandikira, tinkazira chipupa chonse n'kusiya pakhomo pokha. Makala atayamba kuzilala ndinawauza kuti ndidutsitsemo khala lina kuti mzere uoneke. Anandiyang'ana ngati ndatukwana m'tchalitchi. Anati likatero likhala khomo langa, ndipo khomo langa alibe nalo ntchito.

Anabereka ana ena awiri, aamuna, amene anaphunzira n'kupeza ntchito m'tauni. Anawa anafuna kuwamangira nyumba ya njerwa ndi malata pamalo pomwepo. Mkangano wake unali woopsa. Wamkulu anati anthu akuwaseka kuti makolo awo akugona m'chisakasa. Atate aakulu anati amange kumene akufuna, ngakhale yosanja, koma chipupa chija asachikhudze. Anamangadi pambali, nyumba yabwino ya mawindo agalasi. Iwo ankasungiramo chimanga ndi njinga. Zipupa zina zitatu za nyumba yakale anazigwetsa n'kuzimanganso kangapo chifukwa cha chiswe, koma chimodzicho ankachichirikiza ndi mitengo mkati, kuchisamala ngati wodwala.

Amayi aakulu ndiwo anatsogola. Pa matenda awo omaliza ndinabwera kudzawadwazika. Tsiku lina masana ndikuwapukuta nkhope, anatsegula maso n'kufunafuna amuna awo. "Atate ake Rozina," anatero, "muitaneni." Ine sindinamve chimene ankatanthauza. Nkhalamba ija, amuna awo, mano atatha m'kamwa, inasendera pamphasa, inakhosomola, n'kutseka maso. Ndiye m'nyumbamo munamveka mawu a kamwana, akuthawira pampata wa mano: "Ndabwera, amayi. Mwandisungira ndiwo?" Tsitsi linandiima. Ndinali mayi wa ana anga kale, koma ndinafuna kuthawa. Amayi aakulu anamwetulira n'kuyankha kuti, "Zili mumphika, mwanangu. Wachedwa." M'mene anachitira ndinadziwa kuti sikanali koyamba, kuti zaka zonsezo awiriwa anali ndi kacheza kawo kamene ife sitinkakadziwa. Anamwalira mawa lake.

Atatsala okha, ana anafuna kuwatengera m'tauni, ndipo a ku Tamanda anatumiza mawu kuti malo alipo. Anakana zonse. Mbumba yathu nayo sinayerekeze kuwasudzula monga mwa mwambo, angayambe ndani? Anakalamba pomwepo, maso atachita khungu, akufotokozera aliyense wodutsa mafilimu amene palibenso ankawakumbuka. Mitambo ikagunda ankatuluka n'kupapasa udzu wa mbali ija kuti aone ngati sunasololoke. Ankati munthu sasankha chimene adzalondere pamoyo wake, ena amalondera ng'ombe, ena sitolo, iwo anapatsidwa chipupa.

Kwathu nyumba ya munthu wamkulu ikatsala yopanda mwini siikhalitsa, amaisasula. Titameta, anyamata anakwera n'kuchotsa udzu ndi mitengo ya denga. Ndinapempha ana awo kuti chipupa chimodzicho achisiye chigwe chokha, ndipo anavomera mosavuta, mwina ndi manyazi a mkangano uja. Ndinaganiza zochifolera, koma ndinadzifunsa kuti ndifolerera yani. Amene ankadziwa dzanja limene linajambula tinatsala ochepa, ndipo ine ndimakhala kutali.

Ndinapitako mwezi wathawu, mvula itagwa kale kangapo. Pamene panali nyumba pamera bonongwe ndi chisoso, ndipo mbuzi za eni zimagona pamene panali mphasa ya amayi aakulu. Mwala umene atate aakulu ankatsamiritsapo njinga ulipo. Chipupa chikadaima chokha pakati pa bwalo, pamwamba pake patayamba kugumuka. Ndinazungulira mbali yochokera mvula. Makala onse apita, ngakhale kachogwirira kaja. Mvula yatsuka mbee.

Koma khomo lilipo. Zaka zonse zija tinkazira mozungulira, dothi linkasanjikana m'mbali, pakati pokha osakhudzidwa. Tsopano pachipupapo pali polowa mkati, pakuya ngati chala, popendekera pang'ono monga analijambulira mwini wake. Ndinaima pafupi kuti ndidziyeze nalo. Limandifika m'chiuno. Ndinagwada monga anagwadira iwo tsiku lija, ndinaika dzanja pa dothi lakalelo, lomwe amayi aakulu anazira dzulo lake la tsiku limene anakalipa. Linali lonyowa, lozizira. Sindinagogode.